Mwapatsidwa chindapusa ndipo simukugwirizana nacho: mmene mungatsutsire kuti mbali yanu imveke

Malamulo a Zambia salola kuti munthu alangidwe mbali yake isanamveke. Ufulu umenewu ndi weniweni ndipo makhoti amauteteza. Koma ambiri amautaya okha, nthawi zina m'mphindi zoyambirira zomwezo, ataima m'mbali mwa msewu wa Great East kapena pakhomo pa shopu yawo ku Down Shops mumzinda wa Chipata. Amautaya posaina pepala lomwe sanaliwerenge, popereka ndalama popanda lisiti, kapena pongokhala kunyumba n'kumadandaulira anansi mpaka masiku ololedwa kutsutsa atatha. Woyendetsa njinga yamoto wa ku Kapata, mayi wa kantemba ku Mchini, wamalonda wodutsa ndi katundu pamalire a Mwami, onsewa khomo lodandaulira ali nalo. Chofunika ndi kudziwa kuti khomolo ndi liti, komanso kuti limatsekedwa tsiku lanji.

Chindapusa chanu ndi cha mtundu uti?

Zindapusa zilipo za mitundu iwiri, ndipo njira zozitsutsira ndi zosiyana.

Mtundu woyamba ndi chindapusa chobwera chifukwa mukuganiziridwa kuti mwapalamula mlandu wolembedwa m'lamulo: kuthamangitsa galimoto mopitirira liwiro lololedwa, kukwera njinga yamoto opanda chipewa, kugulitsa malonda pamalo oletsedwa, kunyamula makala opanda chilolezo. Wapolisi, ofesala wa bungwe loona za pamsewu la RTSA kapena wa khonsolo si woweruza. Chimene amachita ndi kukupatsani mwayi woti muvomere kulakwa, mulipire, nkhani ithe osafika kukhoti. Fomu imene mumasaina imadziwika ndi dzina lakuti admission of guilt, ndipo maziko ake ndi gawo 221 la Criminal Procedure Code, lamulo loyendetsera milandu kukhoti. Mukakana kuvomera, nkhaniyo imakhala ya majisitireti.

Mtundu wachiwiri ndi chindapusa chimene bungwe la boma limagamula lokha chifukwa lamulo lake linalipatsa mphamvu zotero. Bungwe lotolera misonkho la ZRA likhoza kukuikirani chilango chifukwa chochedwa kupereka mafomu a msonkho. Competition and Consumer Protection Commission, yomwe imateteza ogula ndipo ambiri amangoti CCPC, ikhoza kulipiritsa shopu yomwe yapachika chikwangwani chakuti "No return, no refund", popeza lamulo nambala 24 la mu 2010 limaletsa zikwangwani zotere, ndipo chindapusa chake chikhoza kufika pa 10 peresenti ya ndalama zonse zomwe bizinesi yagulitsa pachaka. Apa simuyambira kwa majisitireti. Mumayamba ndi kalata yopita kubungwe lomwelo, kenako bwalo lapadera lomva madandaulo a bungwelo ngati lilipo, ndipo pomaliza khoti lalikulu.

Munthu amene wasokoneza ziwirizi amalemba makalata kupolisi pamene akufunika kukhoti, kapena amadikira chisamani chomwe sichidzabwera pamene masiku ake ochitira apilo akutha.

Zimene gawo 18 likukupatsani

Mu Konsitityushoni ya Zambia, ufuluwu uli pa gawo 18. Kwa munthu woimbidwa mlandu, gawoli likuti amvedwe mwachilungamo, pasanapite nthawi yaitali, ndi khoti loima palokha komanso losakondera. Likutinso munthuyo ndi wosalakwa mpaka umboni utamupeza wolakwa kapena iye atavomera yekha. Ayenera kuuzidwa mlandu wake mwatsatanetsatane m'chinenero chimene amamva, apatsidwe nthawi yokwanira yokonzekera, aloledwe kufunsa mafunso mboni zomuneneza ndi kubweretsa zake, ndipo ngati samva Chingerezi apatsidwe womasulira popanda kulipira.

Ndime ziwiri za gawoli ndi zothandiza kwambiri pa nkhani ya zindapusa. Ndime 8 ikuti munthu sangapezeke wolakwa pa mlandu womwe sunalembedwe m'lamulo pamodzi ndi chilango chake. Ndime 9 ikufutukula ufulu womvedwa mwachilungamo kuti ufike ku mabwalo ena okhazikitsidwa ndi lamulo, osati makhoti okha. Kuwonjezera apo, makhoti a Zambia amatsatira mfundo ziwiri zakale zomwe zimamanga ofesi iliyonse yopereka chilango: imvani mbali zonse, ndipo munthu asaweruze nkhani yomwe iye mwini ali nayo mbali. Si zachilendo kwa ife. Ngakhale pabwalo la a nyakwawa, mwini mbuzi amafunsidwa kaye asanauzidwe kuchuluka kwa chimanga chobweza.

Pamalo pomwepo

Musakangane, musatukwane, musathawe. Zimenezi zimangobala mlandu wachiwiri womwe umakhala wosavuta kuupezera umboni kuposa woyambawo. Funsani mwaulemu zinthu izi ndipo muzilembe, kaya papepala kaya mufoni: dzina ndi nambala ya ofesala, polisi kapena ofesi imene akuchokera, lamulo ndi gawo lomwe akuti mwaphwanya, ndi kuchuluka kwa chindapusa m'mayuniti.

Nkhani ya mayuniti ndi yofunika kuimvetsa. Malamulo ambiri a Zambia satchula chindapusa m'makwacha. Amatchula ma penalty unit, ndipo mtengo wa yuniti imodzi umaikidwa potsatira Fees and Fines Act. Kuchokera mu 2015 yuniti inali 30 ngwee, ndipo mu 2024 inakwera kufika pa 40 ngwee. Choncho lamulo likati mayuniti 750, pa mtengo wa 40 ngwee mukuyenera kulipira K300. Likati 1,500 ndi K600. Chulukitsani nokha pafoni. Ngati ndalama yomwe mwauzidwa ikuposa zimenezi, funsani kuti yowonjezerayo ikuchokera pa gawo liti. Kumbukiraninso kuti lamulo likamati "osapitirira" mayuniti akutiakuti, nambalayo ndi denga, si mtengo woti aliyense alipire.

Jambulani zithunzi za malowo zinthu zisanasinthe: chikwangwani cha pamsewu chomwe chagwa kapena chabisika ndi udzu, mzere womwe unafufutika, malo omwe tebulo lanu linali, deti lomwe lili pa katundu amene akuti ndi wotha ntchito. Foni imasunga yokha tsiku ndi nthawi ya chithunzi, choncho musachidule kapena kuchikongoletsa. Tengani maina ndi manambala a foni a anthu awiri omwe aona zochitikazo. Mawa lake anthu amenewa simudzawapezanso pa siteji.

Akakulandani katundu, galimoto kapena laisensi, pemphani pepala losonyeza zomwe zatengedwa. Lilembedwe mwatchutchutchu. "Katundu wosiyanasiyana" si mawu oti muwavomere. Alembe kuti matumba 12 a mtedza, sikelo imodzi, wilibala imodzi, ndipo asaine. Ngati ndi zinthu zoonongeka msanga monga tomato, nsomba kapena nyama, kalata yanu yodandaula ipite tsiku lomwelo, chifukwa pakatha masiku atatu mudzakhala mukukangana za mtengo wa chinthu chomwe palibe angachionenso.

Ndalama iliyonse yomwe mwalipira ikhale ndi lisiti la boma kapena la khonsolo, lokhala ndi nambala, deti, dzina lanu ndi mlandu womwe mwalipirira. Ndalama yopanda lisiti si chindapusa. Ndi chiphuphu, ndipo Anti-Corruption Act nambala 3 ya mu 2012 imalanga wopereka pamodzi ndi wolandira, mpaka zaka 14 m'ndende. Kupatula apo, mlandu wanu umakhala usanathe, ndipo mulibe chilichonse choonetsa mukaimitsidwanso kutsogolo.

Kusaina kapena kusasaina

Pano m'pamene pagona nkhani. Fomu ya admission of guilt si lisiti chabe. Mukaisaina mwanena ndi dzanja lanu kuti mlanduwo munapalamuladi, ndipo pepalalo limapita kukhoti komwe majisitireti akhoza kulemba kuti mwapezeka wolakwa inu kulibe. Kubwerera m'mbuyo majisitireti atalemba kale zimenezi n'kovuta kwambiri. Mudzafunika kusonyeza kuti munaopsezedwa kapena munanamizidwa, ndipo umboni wotere supezeka wamba.

Sitikunena kuti aliyense azikana. Ngati munalakwadi, chindapusa n'chogwirizana ndi lamulo, ndipo lisiti likuperekedwa, kulipira ndi nzeru. Kupita kukhoti kuli ndi mtengo wake. Mlandu ukhoza kuimitsidwa kangapo, tsiku lililonse lokakhala pabenchi ndi tsiku lomwe simunagulitse kapena kunyamula anthu, ndipo mukapezeka wolakwa majisitireti samangidwa ndi ndalama yomwe munauzidwa pamsewu. Akhoza kugamula yochepa, akhozanso kugamula yochuluka mpaka denga la lamulo, ndipo pa milandu ina ya pamsewu laisensi yanu ikhoza kukhudzidwa.

Koma ngati simunalakwe, kapena ofesala akulephera kutchula lamulo lomwe mwaphwanya, kapena kuvomerako kudzakupwetekani kwina, mwachitsanzo pa ngozi yomwe mwini galimoto inayo adzafune kuti mumulipire, musasaine. Mawu ake ndi ochepa: "Bwana, mlanduwu sindikuuvomera, ndikupempha kuti upite kukhoti." Kunena zimenezi si chipongwe ndipo si mlandu. Akakutengerani kupolisi, pemphani police bond, chilolezo chobwerera kunyumba podikira tsiku la khoti. Imaperekedwa ulere. Chomwe amafuna kawirikawiri ndi anthu okuimirirani okhala ndi ziphaso zawo ndi malo odziwika okhala.

Kukhoti la majisitireti

Milandu yotere imamvedwa ku Subordinate Court, monga ya ku Chipata, Katete, Petauke kapena Lundazi, osati ku Local Court. Fikani m'mamawa pa tsiku lomwe mwauzidwa, mukaonane ndi kalaliki kuti mutsimikize kuti dzina lanu lili pa mndandanda wa tsikulo. Mukajomba popanda chifukwa khoti limatulutsa chikalata choti mumangidwe, ndipo nkhani ya K300 imasanduka yogona m'selo. Ngati mwadwala, tumani munthu ndi pepala la kuchipatala.

Mlandu ukamawerengedwa, nenani nthawi yomweyo ngati mukufuna womasulira m'Chinyanja. Musachite manyazi ngakhale Chingerezi mumachimva pang'ono. Cha kukhoti n'china, ndipo mawu amodzi osamvetsetsa akhoza kukuvomeretsani chinthu chomwe simunachite. Mukafunsidwa ngati mukuvomera kapena kukana, yankhani chimodzi. Anthu ambiri amayamba kufotokoza kuti "ndinachitadi koma chifukwa chake n'chakuti," ndipo nkhani imasokonekera pomwepo. Ngati mukukana, nenani kuti mukukana. Nthawi yofotokoza idzafika.

Boma ndi lomwe limayamba, chifukwa udindo wobweretsa umboni ndi wake. Mboni iliyonse ikatha kulankhula mudzapatsidwa mpata woifunsa mafunso, ndipo apa m'pamene anthu opanda loya amagwera. Ena amati alibe funso chifukwa cha mantha. Ena amayamba kukamba nkhani yawo m'malo mofunsa. Dziwani kuti mfundo ya mboni yomwe simunaitsutse pa nthawiyi khoti likhoza kuitenga ngati yoona.

Tiyerekeze kuti mukuimbidwa mlandu wonyamula anthu opitirira muyeso mu minibasi. Mafunso ake akhale aafupi, limodzi limodzi. Munaima mbali iti ya galimoto? Anthuwo munawawerenga ndinu kapena munauzidwa ndi mnzanu? Munawawerenga ali mkati kapena atatsika? Pamalopo panali anthu ena odikira basi? Chiwerengerocho munachilemba pati, ndipo bukulo mwabwera nalo? Pomaliza muuzeni poyera zomwe inu mukunena: "Ndikuti anthu anali 14, osati 18." Akane kapena avomere, zalembedwa. Mafunsowa alembeni papepala usiku wake, ndipo pomwe mboni ikulankhula muzilemba zomwe ikunena kuti muone pamene ikusiyana ndi inzake.

Boma likatseka umboni wake, majisitireti amaona ngati pali mlandu woti muyankhe. Ngati palibe, mumamasulidwa pomwepo osalankhula kanthu. Ngati ulipo, mukhoza kupereka umboni wanu ndi kuitana mboni zanu. Gawo 18 likuti simungakakamizidwe kupereka umboni, koma ngati muli ndi zithunzi, malisiti kapena laisensi yomwe akuti munalibe, ino ndiyo nthawi yake. Bwerani ndi mapepala enieni pamodzi ndi mafotokope, ndipo zithunzi muzisindikize koma foni yomwe inajambula ikhale m'thumba.

Mukapezeka wolakwa mudzafunsidwa ngati muli ndi mawu chilango chisanaperekedwe. Nenani zoona zokhazokha: kuti ndi koyamba, kuti mumapeza ndalama zingati, kuti mukusamala anthu angati, ndipo pemphani nthawi yolipirira ngati simungathe tsiku lomwelo. Ngati simukukhutira ndi chigamulo, apilo yopita ku High Court iyenera kulowa pasanathe masiku 14. Pemphani kope la chigamulo tsiku lomwelo. Muli ndi ufulu wolilandira mutalipira kandalama koikidwa.

Chindapusa chochokera ku ofesi: kalata ndiyo chida

Tibwere ku mtundu wachiwiri uja. Nthawi zambiri chilango sichigwa mwadzidzidzi. Pamayamba kubwera kalata yodziwitsa kuti mukufufuzidwa kapena yokufunsani kuti mufotokoze chifukwa chomwe simuyenera kulangidwa. CCPC, mwachitsanzo, imalemba kalata yotere ikatsegula kafukufuku. Kalata imeneyo ndiyo mpata wanu womvedwa. Amene waiika m'dirowa n'kuiiwala sangadzanene kuti sanapatsidwe mwayi. Lamulo limafuna kuti mupatsidwe mpata wokwanira, silifuna kuti ofesi ikuthamangireni mpaka mutayankha. Dziwaninso kuti kumvedwa sikutanthauza kukhala pamaso pa anthu nthawi zonse. Pa nkhani zambiri yankho lolemba limakwanira, choncho lilembeni ngati kuti simudzapezanso mpata wina wolankhula.

Mukauzidwa chilango pakamwa pokha, pemphani kuti chilembedwe, ndi zifukwa zake. Chigamulo chosalembedwa simungachitengere kulikonse.

Kalata yotsutsa isakhale yaitali. Tsamba limodzi kapena awiri akwana. Popeza chinenero cha boma ndi Chingerezi, ilembedwe m'Chingerezi, koma amene akukulemberani akuwerengereni m'Chinyanja musanasaine. Pamwamba pakhale dzina lanu, adiresi, nambala ya foni, ndi nambala ya kalata yomwe mukuyankha. Ngati ndi ZRA, ikani TPIN, nambala yanu ya msonkho. Ilunjike kwa mkulu wa ofesiyo: ku khonsolo ya mzinda wa Chipata ndi Town Clerk, ku makhonsolo a m'maboma ena ndi Council Secretary, ku ZRA ndi Commissioner General.

Mkati mwake muyambe ndi kutchula chigamulo chomwe mukutsutsa, deti lake ndi ndalama yake. Kenako fotokozani zomwe zinachitika motsatira masiku, popanda kutukwana kapena kunena kuti wakutiwakuti amakudani ngati mulibe umboni. Zikatero perekani zifukwa zanu, chilichonse pa ndime yake. Zifukwa zomwe zimagwira ndi zamtundu uwu: zomwe akunena sizinachitike ndipo umboni ndi uwu, lamulo lomwe atchula silikhudza nkhani yanga, ndalama yawerengedwa molakwika, amene wapereka chilango alibe mphamvu zotero, sindinauzidwe mlandu kapena kupatsidwa mpata woyankha. Kusauka kwanu si chifukwa chothetsera chindapusa, koma ndi chifukwa chopemphera kuti chichepetsedwe kapena mulipire pang'onopang'ono, ndipo pempho limeneli liikeni palokha kumapeto. ZRA imalandira mapempho ochotsera zilango, makamaka kwa amene walipira kale msonkho weniweniwo.

Musaiwale kupempha zinthu zitatu m'kalata yomweyo: makope a malipoti ndi zithunzi zomwe ofesi yadalira pokulangani, mpata wokaonekera pamaso ngati nkhaniyo ikudalira mawu a munthu wina, komanso kuti kutolera chindapusacho kuime kaye mpaka dandaulo litamvedwa. Chachitatuchi n'chofunika chifukwa kudandaula pakokha sikuimitsa ngongole. Pa nkhani za msonkho makamaka, chiwongoladzanja chikhoza kumakwera inu mukudikira yankho. Ngati mwaganiza zolipira kuti katundu wanu atuluke kapena shopu itsegulidwe, perekani limodzi kalata yonena kuti mukulipira koma simukuvomera kulakwa ndipo dandaulo lanu likupitirira. Akakana kukuonetsani mapepala, Access to Information Act nambala 24 ya mu 2023 imakupatsani njira ina yowapemphera.

Pitani ndi makope awiri. Limodzi musiye, linalo alidinde chidindo chosonyeza deti, ndipo wolandirayo asaine. Mukatumiza pa imelo kapena pa TaxOnline, njira ya ZRA ya pa intaneti, sungani uthenga wosonyeza kuti yafika. Madandaulo ambiri amafera pa mawu akuti "kalata yanu sitinaione," ndipo kope lodindidwa ndi lokhalo lomwe limatseka pakamwa pamenepo.

Kuwerenga masiku

Nambala yoti muisunge pamtima ndi 30. Kutsutsa msonkho womwe ZRA yakuwerengerani pansi pa Income Tax Act ndi masiku 30. Kuchoka pa chigamulo cha Commissioner General kupita ku Tax Appeals Tribunal, bwalo lapadera lomva madandaulo a misonkho lomwe linakhazikitsidwa ndi lamulo nambala 1 la mu 2015, ndi masiku 30. Kuchoka ku CCPC kupita ku Competition and Consumer Protection Tribunal ndi masiku 30. Malamulo ena ali ndi masiku awoawo, choncho werengani kumunsi kwa kalata yanu komanso gawo lonena za apilo m'lamulo lomwe atchula.

Powerenga, tsiku lomwe chinthucho chachitika silowerengedwa. Kalata ya pa 3 Malichi, tsiku loyamba ndi 4 Malichi ndipo la 30 ndi 2 Epulo. Loweruka ndi Lamlungu a pakati amawerengedwa. Msampha uli apa: malamulo ena amayambira pa deti lomwe lalembedwa pa chigamulo, ena pa tsiku lomwe mwachilandira. Kalata yochokera ku Lusaka ikhoza kufika ku Chadiza kapena ku Vubwi sabata ziwiri zitadutsa. Inu werengerani kuchokera pa deti lakale pa awiriwo, ndipo lembani pa envelopu tsiku lomwe yakufikani. Msampha wina ndi lonjezo la pakamwa. Ofesala akati "tidzaionanso, bwerani sabata yamawa," masiku anu saima. Lowetsani apilo yanu, zokambirana zizipitirira pambali.

Mabwalo apaderawa malikulu awo ali ku Lusaka, mtunda wa makilomita pafupifupi 570 kuchokera ku Chipata. Musanakwere basi, imbani kapena lembani kwa Registrar, mlembi wamkulu wa bwalolo, kuti mudziwe fomu yoyenera, ndalama yolowetsera apilo, ndi makope angati omwe akufunika.

Mukaitanidwa kukaonekera

Yang'anani amene akhala patebulo. Ngati ofesala yemwe anakulembani mlandu wakhala pakati pa ogamula, kapena mmodzi wa iwo ali ndi bizinesi yopikisana ndi yanu, kapena ndi wachibale wa amene anakunenezani, nenani pachiyambi pomwe ndipo pemphani kuti zilembedwe m'maminitsi. Mukakhala chete n'kudzadandaula mutagonja, khoti likhoza kunena kuti munavomereza. Chimodzimodzi akakupatsani mulu wa mapepala m'mawa womwewo, pemphani tsiku lina kuti muwawerenge. Funsani ngati mungabwere ndi loya kapena munthu wokuthandizani. Potuluka lembani nthawi yomweyo maina a omwe analipo, zomwe anafunsa ndi zomwe munayankha.

Khoti lalikulu

Ngati lamulo silinaike njira ina ya apilo, chotsala ndi kupempha High Court kuti iunike chigamulocho. Njirayi imatchedwa judicial review ndipo imayendetsedwa ndi Order 53 ya malamulo a ndondomeko za khoti. Mumayamba ndi kupempha chilolezo cha khoti, mwamsanga, ndipo pasanathe miyezi itatu chigamulo chitaperekedwa. Zifukwa zovomerezeka zilipo zitatu, monga Supreme Court inafotokozera pa mlandu wa Derrick Chitala ndi Attorney General mu 1995: ofesi yachita zomwe lamulo silinailole, chigamulo n'chopanda nzeru moti munthu woganiza bwino sangachipereke, kapena ndondomeko yoyenera sinatsatidwe. Kulangidwa osamvedwa kumagwera pa chachitatuchi.

Pali chinthu chimodzi chomwe ambiri amakhumudwa nacho. Khoti siliona ngati munalakwa kapena ayi. Limaona mmene chigamulo chinapangidwira, ndipo mfundo imeneyi inatsindikidwa pa mlandu wa Nyampala Safaris ndi Zambia Wildlife Authority mu 2004. Mukapambana, chigamulo chimafafanizidwa, koma ofesi ikhoza kukuitanani bwinobwino, kukumvani, n'kukulanganinso. Mukagonja mukhoza kuuzidwa kulipira zomwe mbali inayo yaononga pa mlandu. Choncho njirayi ndi ya nkhani zolemera, monga chindapusa chomwe chingagwetse bizinesi, laisensi yolandidwa kapena lole yogwidwa, ndipo imafuna loya. Loyayo apemphenso kuti chilango chiime kaye, chifukwa chilolezo cha khoti sichiimitsa chilango pokhapokha woweruza atalamula choncho.

Kwa amene alibe ndalama ya loya

Legal Aid Board, yomwe tsopano ikuyendetsedwa ndi lamulo nambala 1 la mu 2021, ili ndi ofesi ku Chipata ndipo imathandiza anthu osapeza bwino itaona kapezedwe kawo ndi kulemera kwa nkhani. Ngati vuto ndi kachitidwe ka ofesi ya boma kapena khonsolo, monga kusayankha makalata, kukana kupereka zifukwa kapena kusunga katundu wanu popanda pepala, dandaulo likhoza kupita kwa Public Protector, ofesi yofufuza madandaulo a anthu pa maofesi a boma, ndipo silipiritsa. Koma ofesiyi siingakhudze nkhani yomwe ili kale kukhoti, ndipo kudandaula kumeneko sikuimitsa masiku anu 30 kapena miyezi itatu ija. Khalidwe loipa la wapolisi limapita ku Police Public Complaints Commission, ndipo wopempha chiphuphu amanenezedwa ku Anti-Corruption Commission. Madandaulo amenewa amakhudza ofesalayo. Chindapusa chanu muyenera kuchitsutsabe panjira yake.

Kulikonse komwe mukupita, tengani envelopu imodzi yokhala ndi NRC yanu, kalata kapena fomu ya chindapusa, malisiti, pepala la katundu wolandidwa, makope odindidwa a makalata anu, zithunzi zosindikizidwa, ndi tsamba limodzi lomwe mwalembapo masiku onse motsatana kuyambira tsiku loyamba. Mapepala enieni musawasiye kwa munthu aliyense kupatula khoti likawafuna ngati umboni. Ena onse apatseni mafotokope.